Bambo wa pa sikirini: luso la Bogosi Sekhukhuni ndi tsemwe limene limabwera nalo

M'chaka cha 2014, mnyamata wobadwira mu Johannesburg muno, Bogosi Sekhukhuni, anatulutsa kanema wa mphindi zochepa amene anthu otsata zaluso akumukambabe mpaka lero. Anamutcha Consciousness Engine 2: absentblackfatherbot. Dzinalo ndi lalitali koma likunena za makina olankhula amene aikidwa pamalo pa bambo wachikuda yemwe pakhomo palibe. Kanemayo amaonetsedwa pa masikirini awiri. Kwina kuli mutu wa mwana, kwinako mutu wa bambo, yonse iwiri yopangidwa pa kompyuta. Mituyo imayankhana ndi mawu a makina, aja osakwera osatsika, koma zimene ikunenazo si zopeka ayi. Ndi macheza amene Sekhukhuni ankacheza pa Facebook ndi bambo ake omubereka, amene sanakule nawo.

Ambirife tikamva za luso la pa kompyuta timaganiza za zithunzi zokongoletsa, zija zoika pa chikwangwani cha sitolo kapena pa khadi la ukwati. Koma pali amisiri ena amene kukongoletsa alibe nako ntchito. Iwo amapanga dala chinthu chofanana ndi munthu koma chosafika pa munthu, kuti woonerayo asowe mtendere, kenako adzifunse chimene chamusowetsa mtenderecho. Sekhukhuni ndi mmodzi wa iwo, ndipo ine ndimaona kuti ntchito yakeyi ikutikhudza ife Amalawi okhala ku Joni kuposa mmene imawakhudzira ambiri mwa amene amakaionera m'nyumba zoonetsera luso.

Iye anabadwa mu 1991, kutatsala zaka zitatu kuti dziko lino la South Africa lichite chisankho cha 1994, ndipo anaphunzira zaluso pa University of Johannesburg. Mbadwo wake unakula ukuuzidwa kuti tsankho latha, kuti tsopano ndi mtundu wa utawaleza, pamene m'makomo mwawo mabala a tsankholo anali akadali osapola. Ndi mbadwo womwewo umene unaidziwira intaneti pa foni osati pa kompyuta. Amene anali kuno zaka za m'ma 2000 akukumbukira Mxit, pulogalamu yochezerana motsika mtengo imene inayambira ku Stellenbosch, mmene inatengera achinyamata. Kwa ana amenewo, kudziwana, kufunsirana ndi kukangana polemberana pa foni sizinali zachilendo. Sekhukhuni wagwirapo ntchito ndi gulu la amisiri lotchedwa CUSS Group, ndipo mu 2015 iye, Tabita Rezaire ndi Nolan Oswald Dennis anayambitsa gulu lotchedwa NTU. Sekhukhuni anadziwikanso kunja kudzera mu 89plus, ntchito imene Hans Ulrich Obrist ndi Simon Castets anayambitsa pofuna kutsata amisiri obadwa kuyambira 1989, chaka chimene maganizo a webu anatulukira.

Kuti timvetse tsemwe limene mitu yotereyi imabweretsa, tiyambe taona mmene imapangidwira. Nthawi zambiri mmisiri amatenga chithunzi cha nkhope n'kuchilowetsa mu pulogalamu, ndipo pulogalamuyo imafuna kuti aisonyeze pamene pali maso, nsidze, mphuno, milomo ndi chibwano. Ikatero imayala kaukonde ka timizere pamwamba pa nkhopeyo. Mfundo imodzi ya kaukondeko ikasuntha, khungu la pachithunzi limatsatira. Vuto n'lakuti chithunzi chimangosunga zimene zinaoneka pa kamphindi kamene chinajambulidwa. Ngati munthuyo anatseka pakamwa, mano ake ndi lilime lake mulibemo, ndiye pulogalamu imaikamo mano ongobwereka, amene si a munthu aliyense. Kuphethira nako kumabwera motsata wotchi, osati chifukwa diso lauma kapena mtima wagunda. Pa nkhope ya munthu wamoyo, milomo ikamwetulira masaya amakwera, m'mbali mwa maso mumachita makwinya, khosi nalo limavomereza. Pa nkhope yopangayi pakamwa pamagwira ntchito pokha, kwina konseko kuli duu.

Mawu nawo ali ndi njira yake. Mapulogalamu ambiri owerenga malemba a zaka zimenezo ankalumikiza tizidutswa. Munthu ankajambulidwa akuwerenga kwa maola ambirimbiri, mawu akewo n'kuduladula, ndipo makina akapatsidwa chiganizo ankatola kadutswa apa, kena apo, n'kutilumikiza. Liwu lililonse palokha linkamveka bwino. Chimene chinkasowa ndi zonse zimene zimakhala pakati pa mawu: kupuma, kuzengereza, kumeza malovu, liwu kunjenjemera munthu akafika pa nkhani yowawa. Makina amanena kuti "ndakusowa" ndi liwu lomwelo limene anganenere mtengo wa buledi.

Munthu woyamba kulongosola bwino chifukwa chake zotere zimatisautsa anali Masahiro Mori, katswiri wa maloboti wa ku Japan, mu 1970. Iye anati chinthu chikamafanana kwambiri ndi munthu, chikondi chathu pa icho chimakwera. Makina a mu fakitale sitiwamvera kalikonse. Chidole chokhala ndi manja ndi maso timayamba kuchikonda. Koma pali malire pamene chinthucho chimatsala pang'ono kukhala munthu weniweni, ndipo pamenepo chikondi chija chimagwera pansi mwadzidzidzi n'kusanduka mantha kapena kunyansidwa. Atajambula maganizowa pa pepala, mzere unakwera, n'kugwera m'chigwa chakuya, n'kudzakweranso pofika pa munthu wamoyo wathanzi. Chitsanzo chake chinali dzanja lochita kupanga, lokhala ndi zikhadabo, mitsempha ndi makwinya. Ukaliona umati ndi dzanja. Ukaligwira popatsana moni n'kupeza kuti ndi lozizira, lopanda mafupa, thupi lonse limachita tsemwe. Ananenanso kuti chinthucho chikamayenda, chigwacho chimazama. Pansi penipeni anaikapo mtembo, ndipo kupitirira pamenepo anaika mtembo woyenda. Ife kwathu sitifunika kuuzidwa zambiri pamenepa, chifukwa nkhani za ndondocha tinakula nazo, ndipo chimene chimaopsa mu nkhanizo si maonekedwe oipa, koma thupi la m'bale wako likuyenda mwiniwake mulibemo.

Ofufuza sanagwirizane chimodzi pa gwero la mantha amenewa. Ena amati ubongo wathu umalosera zimene nkhope ichite, ndipo zikapanda kuchitika umasokonezeka: khungu likuti ndine munthu, kayendedwe ka maso kakuti ndine makina. Ena amati ndi nzeru yakale ya thupi yopewa odwala ndi akufa. Ena amati zimatikumbutsa imfa yathu. Kwa mmisiri, kusagwirizana kumeneku kulibe kanthu. Iye amangodziwa kuti chigwacho chilipo, ndipo pamene opanga maloboti ndi makanema a zidole amawononga ndalama zambiri kuti achilumphe, iye amatsikiramo dala n'kukhala momwemo.

Palinso mbali ina imene imaiwalika. Ngakhale timachita mantha ndi nkhope yopanga, mawu olembedwa timawakhulupirira msanga kwambiri. Mu 1966, Joseph Weizenbaum wa ku yunivesite ya MIT ku America anatulutsa pulogalamu yotchedwa ELIZA imene inkangotembenuza chiganizo cha munthu n'kuchibweza ngati funso. Inalibe nzeru iliyonse. Komabe anthu ankaiululira zakukhosi, ndipo Weizenbaum mwiniwake anasimba kuti mlembi wake, amene ankadziwa bwino lomwe kuti ndi makina, anamupempha kuti atuluke m'chipindamo kuti iye acheze nayo payekha. Mtima wa munthu ukakhala ndi njala umadzaza wokha mipata yonse imene malemba asiya. Umaikamo liwu, umaikamo nkhope, umaikamo chikondi chimene mwina wolembayo analibe.

Apa m'pamene pagona mphamvu ya ntchito ya Sekhukhuni. Mwana akamalemberana ndi bambo amene sanakule nawo, liwu la bamboyo amalipanga yekha m'mutu mwake. Akawerenga uthenga waufupi, amasankha yekha kuti aumve ngati wachikondi kapena wozizira. Sekhukhuni anachotsa mwayi umenewo. Anatenga mawu oona n'kuwapatsa liwu losanyamula kanthu, ndipo woonera amatsala ndi mawu okhaokha, opanda chowafunditsa. Ndiye funso limabwera lokha: kodi kuzizira ndikumvaku n'kwa makina, kapena kunalimo kale m'machezawo? Ine ndikuti kunalimo kale. Kompyuta sinawononge ubale wa anthu awiriwa. Inangoonetsa poyera kuti bambo wodziwika kudzera m'mauthenga okha amakhala kale munthu wochita kupanga, theka lake ndi iyeyo, theka linalo ndi zimene mwana walumikiza kuchokera ku zithunzi, ku zonena za achibale ndi ku zofuna za mtima wake. Onaninso kuti sanapange mutu wa bambo wokha. Anadzipanganso yekha. Mwanayo naye, pamaso pa bambo wachilendo, amalankhula zokonzeratu, amasankha mawu, amabisa mkwiyo. Onse awiri asanduka zifanizo pamaso pa wina ndi mnzake.

Nkhani ya bambo wosowa pakhomo si ya banja limodzi m'dziko muno. Ana oposa theka ku South Africa sakhala nyumba imodzi ndi bambo awo owabereka, ndipo mizu yake ili pansi pa mzinda uno. Golide atapezeka mu 1886, eni migodi anafuna manja a amuna koma mabanja awo sanawafune. Anamanga makomponi a amuna okhaokha, boma linakhwimitsa malamulo a mapasi, ndipo lamulo la malo la 1913 linapanikiza anthu akuda pa kadera kochepa kosakwana kudyetsa mabanja awo, kotero kuti mwamuna analibe kuchitira mwina koma kunyamuka. Malamulo oletsa anthu akuda kukhazikika m'mizinda anachotsedwa mu 1986, koma chizolowezi cha zaka zana sichitha ndi siginecha.

Ifenso tili m'nkhani yomweyi. Wenela, bungwe lopezera migodi antchito, inkalemba amuna kwathu n'kuwatengera ku migodi ya kuno, ndipo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 Amalawi a m'migodi anapitirira 100,000. Mu Epulo 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo, ndipo Kamuzu Banda analetsa kulemba anthu. Ntchitoyo inadzayambiranso mu 1977 pansi pa Theba, bungwe limene linalowa m'malo mwa Wenela, n'kudzaimanso mu 1988 pa mkangano wa kuyeza HIV. M'zaka zonsezo, bambo ankafika pakhomo ngati kalata. Kawirikawiri kalatayo sanailembe yekha, ankamulembera mnzake wodziwa kulemba pa komponi. Ikafika kumudzi, mayi ankaitana mwana wa sukulu kapena aphunzitsi kuti awerenge. Taganizani za mnyamata wa Sitandade 4 ataima pakhonde, akuwerenga mogwagwaja, liwu limodzilimodzi, mawu a mwamuna kwa mkazi wake. Mawuwo ndi a bambo, dzanja ndi la wina, liwu ndi la winanso. Agogo athu anamumva bambo wolankhula ndi liwu lobwereka kalekale kompyuta isanabwere. Ndipo kwa mabanja a matchona, ngakhale kalatayo inkafika posiya kubwera, n'kutsala chithunzi chimodzi cha mu situdiyo, munthu atavala suti ndi chipewa, osakalamba, osasintha.

Lero Wenela kulibe, koma mabasi a ku Blantyre, Lilongwe ndi Mzuzu sasiya kudzaza, ndipo bambo wa pa sikirini uja tsopano ndi ife. Lamulungu lina ndinali kwa mnzanga wa ku Mangochi amene amasamalira maluwa pa nyumba ina kumpoto kwa mzinda uno ndipo amagona m'kachipinda ka kuseri. Anagula bandulo, anavala shati yoyera, anasuntha mpando kuti kumbuyo kwake kuoneke khoma lopaka penti osati zovala zopachika pa msomali, ndiyeno anaimba. Kumudziko mayi anakweza foni, ndipo tinamva akuti, "Tabwera uwapatse moni adadi." Kamtsikana kanabwera, kanaima chilili manja kumbuyo, n'kunena kuti, "Ndili bwino, kaya inu?" Mnzangayo akuyamba kufunsa za kusukulu, netiweki inavuta. Nkhope ya mwanayo inauma pa sikirini pakamwa pali potsegula, diso limodzi litatsinzina, koma liwu lake linkabwerabe modukaduka. Ndithu kumeneko naye ankaona bambo ake atauma chimodzimodzi. Foni itaduka anakhala chete, kenako anati, "Achimwene, mwana uyu amandiyankha ngati ndine ahedi."

Sindikunena izi kuti tinyoze foni. Amene anadikirapo kalata miyezi itatu sangailankhulire zoipa WhatsApp. Kudzera pa foni, bambo amamva tsiku lomwelo kuti mwana wadwala malungo, ndipo ndalama ya mankhwala imafika dzuwa lisanalowe. Tisaiwalenso kuti kwathu kulera sikuli pa bambo yekha. Kwa Achewa ndi Ayao amalume ali ndi udindo waukulu pa mbumba yawo, ndipo ku Mzimba mwana amakulira pakati pa abale a bambo ake. Choncho kusowa kwa bambo sikupweteka mofanana paliponse. Koma tikamasuntha mpando kuti khoma labwino lioneke, tikamajambulitsa pafupi ndi galimoto ya abwana, tikamati "zonse zili bwino" pamene mapepala atha ndipo lendi yatipanikiza, timakhala tikupanga chifanizo chathu. Timatero chifukwa cha chikondi, kuti akumudzi asade nkhawa. Komabe mwana amakula akudziwa chifanizocho osati ifeyo, ndipo tsiku limene titsike basi, iye adzayenera kugwirizanitsa anthu awiri: wa pa foni uja ndi wotopa amene waima pakhomoyu.

Wina angafunse kuti, popeza makina apita patsogolo, ntchito ya 2014 ilinso ndi phindu lanji? Zoonadi zinthu zasintha kwambiri. M'chaka chomwecho cha 2014, Ian Goodfellow ndi anzake anatulukira njira yopikisanitsa mapulogalamu awiri, wina wopanga zithunzi zabodza, wina wozigwira, mpaka wopangayo ataphunzira kunamiza mnzake. Pofika 2019 panali tsamba la pa intaneti lotulutsa nkhope za anthu amene sanabadwepo, yatsopano nthawi iliyonse ukalitsegula. Mu 2022, Sophie Nightingale ndi Hany Farid anapeza kuti anthu ankalephera kusiyanitsa nkhope zoterezi ndi zenizeni, ndipo zabodzazo ankazikhulupirira kuposako pang'ono. Mu 2023 Boris Eldagsen wa ku Germany anapambana pa mpikisano wa Sony World Photography Awards ndi chithunzi chopangidwa ndi AI, mapulogalamu a kompyuta otsanzira nzeru za munthu, ndipo anakana mphothoyo ponena kuti chimenecho si chithunzi chojambula ndi kamera. Chaka chomwecho kuno kunazungulira makanema abodza a owerenga nkhani a SABC akuoneka ngati akulimbikitsa anthu kuika ndalama m'mabizinesi achinyengo, nkhope ndi mawu zili zawo, zonenazo zisali zawo.

Chigwa cha Mori chikukwiririka, ndipo zimenezi sizoti tisangalale nazo. Tsemwe lija linali mlonda. Linkatiuza kuti pano pali china chake cholakwika, ima kaye. Kanema wachinyengo amachita zotheka zonse kuti mlondayo agone, chifukwa akufuna ndalama yako. Mitu ya Sekhukhuni imachita zosiyana. Siibisa kuti ndi yopanga, misoko yake ili poyera, ndipo palibe angaione n'kuganiza kuti ndi anthu enieni. Wachinyengo amatenga nkhope yoona n'kuiikira mawu onama, pamene Sekhukhuni anatenga mawu oona n'kuwaikira nkhope yosanamizira kukhala yoona. N'chifukwa chake ntchitoyi sinakalambe ngakhale mapulogalamu a nthawi imeneyo anatha ntchito. Ikanapangidwa yosalala ngati makanema a AI a lero, tikanangoona bambo ndi mwana akucheza, n'kumva chisoni pang'ono, n'kupitirira. Mori mwiniwake anaika zidole za zisudzo za ku Japan zotchedwa bunraku pamalo apamwamba, kunja kwa chigwa, ngakhale oziyendetsa amaonekera pa bwalo. Chinthu chovomera kuti ndi chopanga chimatipatsa mpata wochimvetsera.

Mwana wa ku Malawi sayenera kudabwa ndi nzeru imeneyi. Gule wamkulu, amene UNESCO inamuzindikira mu 2005, amabweretsa pabwalo zilombo zimene zimaopsa ndi kuseketsa nthawi imodzi, ndipo zimadzudzula makhalidwe amene munthu wamba sangawatchule pamaso pa mfumu. Chilombo sichiyesa kuoneka ngati mnansi wako. Mphamvu yake ili mu uchilendo wakewo. Samson Kambalu, wobadwira ku Malawi mu 1975, amene chosema chake cha John Chilembwe ndi John Chorley chinaikidwa pa Trafalgar Square ku London mu 2022, anatenga maganizo amenewa n'kupanga timakanema timene amatitcha Nyau Cinema. Ndi tatifupi, tosapitirira mphindi imodzi, ndipo iye amaonekamo akuchita zinthu zachilendo m'misewu, nthawi zina chobwerera m'mbuyo, mobwerezabwereza, ngati kanema wakale wothothoka. Kambalu ndi Sekhukhuni ndi anthu osiyana, wina amasewera, wina akulira chamumtima, koma onse akudziwa kuti munthu woyenda mosakhala bwino pa sikirini amatipangitsa kuyang'anitsitsa.

Mnzake wa Sekhukhuni uja, Tabita Rezaire, wobadwira ku Paris mu 1989, anakhala mu Johannesburg zaka zingapo ndipo mu 2017 anaonetsa ntchito zake ku Goodman Gallery. Makanema ake amadzaza ndi mitundu yothobwa m'maso, zithunzi zodulidwa mwadala mosasamala, zilembo zouluka ngati za pa intaneti yakale. Mu Deep Down Tidal akuonetsa kuti intaneti siili m'mitambo, ili m'mawaya oyalidwa pansi pa nyanja, ndipo mawayawo amatsata njira zimene zombo za atsamunda ndi za akapolo zinkadutsa. Amene anali pa foni mu Meyi 2024, pamene mawaya a m'nyanja ya kum'mawa kwa Africa anaduka ndipo intaneti inavuta m'maiko angapo kuphatikizapo Malawi, anaona okha kuti moni wa bambo kwa mwana wake amadalira chingwe chimene sanachionepo, cha eni ake ena. Palinso nkhani ya nkhope zimene makina amaphunzitsidwa nazo. Mu 2018 Joy Buolamwini ndi Timnit Gebru anayesa mapulogalamu a makampani akuluakulu ozindikira ngati nkhope ndi ya mwamuna kapena mkazi, ndipo anapeza kuti pa amuna oyera ankalakwitsa osafika 1 pa 100 alionse, koma pa akazi akuda bii kulakwitsako kunkafika pafupifupi 35 pa 100. Mmisiri wakuda akamagwiritsa ntchito zida zimenezi amakhala akugwira chida chimene sichinapangidwe ndi nkhope yake m'maganizo, ndipo uchilendo wina umene timauona pa sikirini umachokera pamenepo.

Si onse amene asankha njira ya makina. Billie Zangewa, wobadwira ku Blantyre mu 1973 ndipo amakhala mu mzinda womwe uno, amasoka zithunzi zake pamanja ndi tizidutswa ta nsalu ya silika. Zambiri zimaonetsa moyo wa pakhomo, mayi ndi mwana wake, kukhitchini, pogona. Ukaika ntchito yake pambali pa ya Sekhukhuni umaona mbali ziwiri za nyumba imodzi: kholo limene lilipo, losokedwa ndi ulusi ndi zala, ndi kholo limene palibe, lolumikizidwa ndi pulogalamu.

Pali zinthu ziwiri zimene zimandivuta pa luso lotereli, ndipo sindingazibise chifukwa choti ndimalikonda. Choyamba ndi cha umwini wa mawu. Macheza ndi a anthu awiri. Mmodzi akawatenga n'kuwaika pa khoma kuti dziko lione, winayo amakhala wavulidwa pagulu, ngakhale atakhala kuti ndi wolakwa. Lamulo la kuno loteteza zinsinsi za anthu, POPIA, limene linayamba kugwira ntchito mokwanira mu Julayi 2021, limapereka mpata ku ntchito za utolankhani, zolembalemba ndi zaluso, koma lamulo likalola sindiye kuti mtima wakhazikika. Ine ndimaima ndi mwana, chifukwa amene anasiyidwa ali ndi ufulu wosimba mmene kusiyidwako kunamupwetekera, ndipo palibe njira yosimbira popanda kumutchula wosiyayo. Komabe funsoli likula, chifukwa lero pali mapulogalamu otha kutengera liwu la munthu kuchokera ku mawu ochepa ojambulidwa, ndipo anthu ayamba kale kuyendetsa zithunzi za abale awo omwalira kuti ziphethire ndi kumwetulira. Mauthenga a mawu amene timatumiza kumudzi tsiku ndi tsiku ndi okwanira kuti wina adzatilankhulitse zimene sitinanene.

Chachiwiri ndi cha oonera. Kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo ntchito ngati iyi imafuna munthu woima, kumvetsera mpaka kumapeto, n'kuyambiranso. Koma ndani ali ndi nthawi imeneyo, ndipo ntchitoyo amaipeza kuti? Kawirikawiri luso lotere limayenda m'nyumba zoonetsera za ku Ulaya ndi ku America, kumene ululu wa banja la munthu wakuda umaonedwa ndi anthu amene sanadikirepo kalata ya ku mgodi. Kuno malo alipo ndithu. Wits Art Museum ku Braamfontein salipiritsa polowa, ndipo chikondwerero cha luso la makono cha Fak'ugesi, chimene chinayamba mu 2014, chimachitikira dera lomwelo. Koma nyumba zambiri zogulitsa luso zimatseka Lamulungu, tsiku lokhalo limene wantchito wa m'nyumba, wa m'munda wa maluwa kapena wa mu shopu amapuma. Ndipo ngakhale zitatsegula, munthu amene mapepala ake sali bwino sayenda mtunda kukalowa m'chipinda choyera chokhala ndi mlonda pakhomo.

A CUSS Group anaiona nkhani imeneyi, n'chifukwa chake ankatenga makanema awo kukawaonetsa kumene anthu ali kale, m'masitolo ndi m'misewu, m'malo modikira kuti anthu abwere. Njira imeneyo ndi imene ikufunika kwa ife. Pakati pa Amalawi a ku Rosettenville, Mayfair, Diepsloot ndi Yeoville muli achinyamata odziwa kudula makanema pa foni, amene amapanga zotsatsa za matchalitchi, za maukwati ndi za onyamula katundu wopita kumudzi. Zida ali nazo kale m'thumba, ndipo nkhani ali nazo zoposa za wina aliyense, m'Chichewa, m'Chitumbuka, m'Chiyao ndi m'Chitonga. Chimene sanauzidwe n'chakuti nkhope youma pa sikirini netiweki ikavuta, kapena moni wa mwana woyankha ngati ali pa asembule, ndi zinthu zoyenera kupangira luso, ndipo malo oyamba kuzionetsera akhoza kukhala pa Park Station, pamene anthu amakhala maola ambiri pa zikwama zawo kudikira basi ya ku Mwanza kapena ku Dedza.